Ulimba umene umabwereka nthawi

Ndikulemba nthano yaitali imene ikuchitikira m'dziko longopeka, ndipo pakatikati pa nthanoyo pali chida choimbira chimene chimatha kusuntha nthawi. Dzikolo ndalipatsa mtsinje waukulu, madambo a bango ndi kutentha konga kwa kuno ku Nsanje m'mwezi wa Novembala, choncho sindinafune kuti chidacho chichokere kutali. Ndinasankha ulimba, umene ena amautcha valimba, womwe Asena ndi Amang'anja a m'chigwa cha Shire akhala akuimba kuyambira kale.

Amene anauonapo pafupi akudziwa kuti ulimba ndi matabwa osema ondandalikidwa kuyambira lalikulu mpaka laling'ono, ndipo kunsi kwake amamangirirako zipanda zokuza mawu. Pachipanda amaboola kabowo n'kumatapo kanthu kopyapyala kamene kangaude amakutira mazira ake, ndipo n'kamene kamachititsa kuti mawu azimveka monjenjemera. Kawirikawiri oimba amakhala atatu pa ulimba umodzi, aliyense ndi timitengo take ta mpira kunsonga. Zonsezi ndazisiya momwe zilili, ndangoonjezerapo mphamvu. M'nthano yanga matabwa a mawu aakulu amachedwetsa nthawi, a mawu aang'ono amaithamangitsa, ndipo woimba wa pakati ndiye amagwira tsiku la lero kuti mudzi usasochere. Mphamvuyo imalekezera pamene mawu alekezera, n'chifukwa chake amauimba usiku m'mphepete mwa madzi, pamene kulira kwake kumapita patali. Kanthu ka kangaude kaja kamang'ambika kusanache, ndipo kakang'ambika nthawi imabwerera m'malo mwake.

Lamulo lalikulu n'lakuti ulimbawu supanga nthawi, umangoibwereka. Mudzi umene watalikitsa usiku wa chigumula kuti anthu athawire kumtunda umadzalipira m'nyengo ya kudimba, pamene masiku amafupika ndipo chinyezi chimauma chimanga chisanakhwime. Ngati oimba akana kulipira, ngongoleyo imagwera mudzi woyandikana nawo, monga momwe khoma lotchinga madzi limapulumutsira tsidya lino n'kukankhira mtsinje kutsidya linalo. Apa ndi pamene pamachokera mikangano yonse ya m'nthanoyi, ndipo sindinafunikire kupeka mfiti kapena mfumu yankhanza.

Anzanga amene awerengako mitu yoyamba amandifunsa chifukwa chake ulimbawu subweza nthawi m'mbuyo, poti pamenepo ndiye pakanakoma nkhani. Ndakana, ndipo sindisintha maganizo. Ife a kuno tinaona madzi osefukira a mu Januwale 2015, tinaona namondwe wa Idai mu Malichi 2019, wa Ana mu Januwale 2022, ndi wa Freddy mu Malichi 2023, amene anapha anthu mazanamazana m'chigawo cha kum'mwera. Mvula ikagwa mwamphamvu ku mapiri a Mulanje ndi Thyolo, mtsinje wa Ruo umatsika ndi ukali n'kudzakumana ndi Shire pa Chiromo, ndipo anthu a ku Makhanga amapezeka atazingidwa ndi madzi mbali zonse. Chimene chimasowa pa usiku wotero ndi maola ochepa chabe, okwanira kudzutsa ana, kubereka nkhalamba kumsana, kumasula mbuzi ndi kufika pamalo okwera. Kulemba chida chodzutsa akufa pamaso pa anthu amene ena mwa abale awo sanapezeke n'komwe kuti aikidwe m'manda, kwa ine kungakhale kunyoza anamfedwa. Chida chopatsa mudzi maola atatu, pamtengo wowawa, ndi chimene ndingathe kuchilemba popanda manyazi.

Ndasamalanso kuti ulimbawu usakhale wa munthu mmodzi. Woimba ali yekha sangaugwiritse ntchito, chifukwa mawu aakulu opanda a pakati amaimitsa mudzi mpaka kalekale. Ganizo limeneli ndinalitenga pa zimene timadziwa za kachisi wa Mbona ku Khulubvi, kumene anthu akhala akupempherako mvula, ndipo kumanganso kachisiyo ndi ntchito imene mafumu ndi anthu awo amagwirira pamodzi. Mbona weniweniyo sindinamulowetse m'nthano, popeza ndi wopatulika kwa anthu amoyo, ndipo si woti ndizimuseweretsa m'nkhani zopeka.

Mutu umene ndikulemba tsopano ndi wa usiku wa chigumula. Pa matabwa aakulu pali mayi wokalamba, pakati pali mwana wake wamkazi, ndipo pa matabwa aang'ono pali mdzukulu wake, mnyamata amene ng'ombe zake zatsalira pachilumba. Anthu onse awoloka, koma mnyamatayo akuchonderera kuti, "Agogo, musaleke, tiwonjezere pang'ono kuti bwato libwererenso." Agogowo akuyankha manja ali pa matabwa kuti, "Mdzukulu wanga, ng'ombezo ndi zako, koma chimanga chimene chidzaume kudimba ndi cha mudzi wonse."

Ndaganiza kuti agogowo amupatse ola limodzi, chifukwa agogo ambiri amene ndimawadziwa akanatero. Mutu wotsatira udzayambira m'mwezi wa Ogasiti, pabwalo la amfumu, pamene eni madimba ouma abwera kudzafunsa kuti olalo analivomereza ndani.