Mmene ndinasonkhanitsira umboni woti ploti ndinalipira

Ploti ija ya ku Area 49 ku Lilongwe tinagwirizana K9 miliyoni, ndipo pamene mwiniwake ankasiya kuyankha foni yanga n'kuti nditapereka kale K7 miliyoni. Mnyamata amene ankandiumbira njerwa ndiye anandiuza kuti kwabwera anthu ena pa galimoto, akuyeza malowo ndi tepi. Usiku umenewo tulo sindinatione.

Kwa loya ndinapita nditanyamula mgwirizano wathu, wosayinidwa ndi ine, wogulitsa ndi mboni ziwiri. Ndinkaganiza kuti pepala limenelo ndi lokwanira. Iwo analiwerenga kamodzi, n'kuliika pambali, n'kundifunsa kuti, "Mayi, ndalamazo munapereka bwanji?" Anandifotokozera kuti chimene ndikufuna si kubwezeredwa ndalama ayi, koma kuti Khoti Lalikulu likakamize wogulitsa kukwaniritsa mgwirizano. Kuti khoti litero, ndiyenera kusonyeza kuti mbali yanga ndinachita, komanso kuti zotsalazo ndili nazo m'manja.

Tisanayambe china chilichonse tinapita ku Lands kukafufuza m'kaundula. Ploti inali ikadali m'dzina la wogulitsa, ndiye tinalembetsa caution, chenjezo loti malowo asasinthidwe dzina ine osadziwa. Kenako tinapempha chiletso ku khoti.

Ntchito yeniyeni inali pa ndalama, chifukwa ndinapereka m'njira zitatu. K4 miliyoni yoyamba inadzera ku banki. Ndinakapempha sitetimenti ya mwezi umenewo, yodindidwa chidindo cha banki, ndipo inasonyeza tsiku, ndalama ndi dzina la wolandira. Koma pamalo olemba chifukwa cha malipiro ndinangolemba dzina langa. Loya anati sitetimenti imanena kuti ndalama zinapita, sinena kuti zinali za chiyani. Munthu akhoza kunena kuti munkamubwezera ngongole. Chinatithandiza n'chakuti tsiku lake linali lomwelo limene tinasayina mgwirizano, ndipo mgwirizanowo unatchula K4 miliyoni ngati malipiro oyamba.

K1 miliyoni ndinatumiza pang'onopang'ono pa Airtel Money. Mauthenga ena ndinali nditafufuta kale, koma nditapita ku ofesi ya Airtel ndi chiphaso changa cha unzika anandipatsa ndandanda ya zonse zimene ndinatumiza, nambala ya wolandira ikuoneka.

Imene inandivutitsa ndi K2 miliyoni yomaliza. Wogulitsa anandiimbira kuti ali ndi maliro kumudzi, ndipereke ndalamazo kwa mng'ono wake. Ndinamupatsira pamanja, mu envelopu ya khaki, titaima pamalo omwetsera mafuta. Risiti sindinapemphe. Ndinachita manyazi kufunsa pepala kwa anthu oti ali pa chisoni, ndipo mpaka lero ndimaona kuti manyazi amenewo akanandidyera malo anga. Tinatola umboni wake pang'onopang'ono: sitetimenti yosonyeza kuti m'mawa wa tsiku limenelo ndinatapa K2 miliyoni, mlamu wanga amene anandiperekeza n'kuona envelopu ikuperekedwa, ndiponso uthenga wa pa WhatsApp umene wogulitsa ananditumizira madzulo ake. Unali wa mawu ochepa chabe: "Zafika mayi, zatsala ziwiri basi." Pa K9 miliyoni kuti zitsale ziwiri, ndiye kuti zisanu ndi ziwiri analandira. Lamulo la 2016 lokhudza zochitika pa makina a kompyuta ndi intaneti limalola mauthenga otere kukhala umboni, koma loya anandichenjeza kuti foniyo ndisaigulitse kapena kufufuta kalikonse, chifukwa chithunzi cha uthenga chokha munthu akhoza kuchikana.

Zonsezi zinalowa mu sworn statement, chikalata chimene ndinalumbirira pamaso pa wolumbiritsa. Pepala lililonse linapatsidwa nambala yake, ndipo tinazisanja motsatira masiku. Mlamu wanga analumbira chake. K2 miliyoni yotsala ndinaisungitsa mu akaunti ya ofesi ya loya, n'kulembera wogulitsa kalata yomudziwitsa kuti ndalama zake zilipo, angobwera kudzasayina mapepala osinthira dzina.

Malamulo a Khoti Lalikulu a 2017 amafuna kuti milandu yambiri iyambe yadzera pa mkhalapakati, amene amakhala jaji. Tsiku lokumana ndi mkhalapakatiyo wogulitsa anavomera za ku banki ndi za pa foni, koma za pamanja anakanitsitsa, amvekere mng'ono wake sanamupatse kalikonse. Loya wanga anatulutsa uthenga uja n'kuuwerenga. Bamboyo anayang'ana pansi nthawi yaitali, kenako anapempha kuti atuluke kaye akalankhule ndi loya wake.

Atabwerera tinagwirizana, ndipo jaji anasayina mgwirizanowo kukhala lamulo la khoti. K2 miliyoni ija inachoka ku ofesi ya loya wanga kupita kwa loya wake, ndipo pa risiti analemba nambala ya ploti, dzina langa ndi mawu akuti malipiro omaliza.