Whoopi Goldberg: luso lomwe linakulira pa siteji yopanda kanthu

Ambiri amamudziwa ngati sisitere wabodza wa mu Sister Act kapena mphunzitsi Mary Masombuka wa mu Sarafina!, mafilimu awiri omwe anatuluka mu 1992. Koma wofuna kumvetsa ntchito ya Whoopi Goldberg ayambire mu 1983, pomwe ankaima yekhayekha pa siteji m'sewero lake la The Spook Show.

Dzina lake lenileni ndi Caryn Elaine Johnson, ndipo anabadwa pa 13 Novembala 1955 ku New York. Sekondale sanamalize, anali ndi dyslexia, vuto lomwe limasokoneza kuwerenga. Atasamukira ku California anagwirako ntchito yomanga nyumba, mpaka yodzola mitembo mafuta ndi zopakapaka isanaikidwe m'manda, uku akuchita zisudzo.

Sewero lija linali losavuta kuliona koma lovuta kulichita. Munthu mmodzi, anthu angapo. Ankasintha mawu, kayendedwe ndi kaimidwe ka mapewa, basi wasanduka wina. Panali Fontaine, wokonda mankhwala osokoneza bongo yemwe akukafika ku Amsterdam ku nyumba ya Anne Frank, mtsikana wachiyuda yemwe anabisalamo pothawa a Nazi. Panalinso kamtsikana kachikuda komwe kanafunda nsalu yoyera kumutu n'kumati ndi tsitsi lalitali lachizungu. Njira yake inali imodzi: ayambe wakuseketsani mpaka mwamasuka, kenako munthu yemweyo anene chinthu chowawa, holo yonse zii. Apa ndi pomwe anthabwala ambiri amagwa. Ukafulumira kulowetsa zachisoni anthu asanamukonde munthuyo, amaona ngati ukuwalalikira. Ukachedwetsa, amaseka pamalo posayenera.

Wotsogolera zisudzo Mike Nichols anatengera seweroli ku Broadway, dera la maholo akuluakulu a zisudzo ku New York, mu 1984, ndipo Steven Spielberg anamupatsa gawo la Celie mu The Color Purple ya 1985. Zitatero, kwa zaka zingapo opanga mafilimu anamuika m'mafilimu ngati Burglar ndi Fatal Beauty a 1987, omwe sanapite patali. Chifukwa chake, m'kuona kwanga, n'chakuti ankangofuna phokoso lake n'kusiya luso lake loumba munthu. Ghost ya 1990 inamupatsanso mpata umenewo, ndipo gawo la Oda Mae Brown linamubweretsera Oscar, mphotho yapamwamba ya mafilimu ku America, mu 1991. Anali mkazi wachikuda wachiwiri kulandira mphothoyi pa zisudzo, patadutsa zaka zoposa 50 kuchokera pomwe Hattie McDaniel anailandira mu 1940. Pofika 2002 anali atasonkhanitsa mphotho zinayi zikuluzikulu: Emmy ya pa TV, Grammy ya zojambulidwa mawu, Oscar ya mafilimu ndi Tony ya masewero a pa siteji.

Kutsogolera pulogalamu yocheza pa TV ndi ntchito inanso. Yake yoyamba, The Whoopi Goldberg Show, inayamba mu 1992 n'kutha chaka chotsatira. Pa The View ya kanema wa ABC, yomwe Barbara Walters anayambitsa mu 1997, wakhalapo kuyambira mu Seputembala 2007, atalowa m'malo mwa Rosie O'Donnell. Udindo wake pa tebulo lija ndi kutsegula mutu wa nkhani, kupatsa aliyense mpata, kuletsa anzake akayamba kulankhulira pamodzi, ndi kudula zokambirana nthawi ya malonda ikakwana, ngakhale mkangano utafika pokoma.

Vuto n'lakuti kumeneko palibe Fontaine woti abisalemo. Pa siteji mawu amakhala atayesedwa kambirimbiri, pomwe pa pulogalamu youlutsidwa pompopompo chomwe chatuluka m'kamwa chapita. Ngakhale asanalowe pa The View, mu 2004 anachita nthabwala yotukwana yokhudza pulezidenti George W. Bush pa msonkhano wosonkhetsa ndalama za kampeni ya John Kerry, yemwe ankapikisana ndi Bush pa chisankho, ndipo kampani ya Slim-Fast inasiya kumugwiritsa ntchito potsatsa malonda. Kumayambiriro kwa 2022 ananena pa The View kuti kuphedwa kwa Ayuda mu ulamuliro wa Nazi sikunali nkhani ya mtundu. Izi zinali zolakwika, popeza a Nazi ankawatenga Ayuda ngati mtundu wotsika woyenera kufafanizidwa. Anapepesa tsiku lomwelo, komabe ABC inamuimitsa kwa masabata awiri, kenako anabwerera pampando wake.