Tsiku limene ndinasiya kuwalirira amayi

Kwa zaka 7 ndakhala ndikuchita zisudzo pabwalo, kuyambira pa msika wa Ngabu mpaka m'masukulu a ku Nsanje. Pabwalo timaphunzira kukuwa. Amene waima kumbuyo kwenikweni, pafupi ndi ogulitsa nzimbe, naye ayenera kumva, ndiye mawu amakwera, manja amatambasuka, nkhope imakwinyika mpaka agogo a maso ofooka adziwe kuti wakwiya. Nditayamba maphunziro otsogolera masewero a pa kanema, ndinkati luso limeneli lindinyamula. Koma ndi lomwe linandichititsa manyazi.

Ntchito yoyamba inali kujambula sewero la mphindi 10. Ndinasankha nkhani ya mayi wobwerera pomwe panali nyumba yake, namondwe wa Freddy atadutsa mu Malichi 2023. Tinakajambulira kufupi ndi Bangula. Mbali ya mayiyo anatenga ndi amayi ena a m'gulu lathu, msinkhu wa mayi anga, omwe madzi anawalandadi katundu chaka chimenecho.

Kamera itayamba, iwo anangoima chilili. Mtima unandipsa. Ndinathamangira kutsogolo kukawaonetsa: ndinagwada, kumenya pansi, kulira mokweza ngati pamaliro. Anandiyang'ana nthawi ndithu.

"Mwana wanga, tsiku limenelo ine sindinalire. Ndinkafunafuna mthiko wanga."

"Pepani amayi, chitani mmene munachitira."

Mnyamata wogwira maikolofoni anabisa nkhope kuseri kwa mkono. Ndinabwerera pamalo panga n'kuuza wojambula kuti ayandikitse kamera pa manja. Amayi aja anawerama, n'kuyamba kutokosa matope ouma ndi kamtengo, pang'onopang'ono. Shoti imeneyo, kachigawo kamene kamera inajambula kameneko, aphunzitsi anaibwereza katatu m'kalasi, ndipo sanafunse n'komwe za zina zonse zomwe ndinavutika nazo.

Vuto la ife ochokera pa siteji ndi loti tikaona wosewera akuchedwa, thupi limatiyabwa, timafuna kulowamo tokha. Ukamuonetsa munthu kuti achite chonchi, chimene upeze ndi iweyo kachiwiri, wosapsa bwino. Tsopano ndimaphunzira kufunsa mafunso: mwachokera kuti, mukufuna chiyani kwa munthu ali patsogolo panuyu. Manja ndimawaika m'thumba dala.

Sindikudabwa kuti ambirife tidakali ndi chizolowezi cha pabwalo. Wayilesi ya kanema ya TVM inayamba mu 1999, chaka chomwe Du Chisiza Jr, katswiri amene anayambitsa gulu la zisudzo la Wakhumbata, anamwalira. Akatswiri amene tinakula tikuwamva anaphunzirira luso lawo pa siteji ndi pa wayilesi, kanema inawapeza atakhwima kale. Komabe njira ilipo. Joyce Mhango Chavula anayamba ngati wosewera, ndipo mu 2016 filimu imene anatsogolera inapambana mphoto ya Africa Magic. Ndikamuganizira ndimalimba mtima.

Zina n'za mutu basi. Anthu awiri akamayankhulana, pakati pawo pali mzere wosaoneka, ndipo kamera iyenera kukhala mbali imodzi ya mzerewo. Ukaudumpha, polumikiza zithunzi onse awiri amaoneka ngati akuyang'ana kumodzi, wina akuyankhula ndi nkhongo ya mnzake. Ndinaudumpha kawiri.

Ndiye pali dzuwa la kuno ku chigwa, lomwe mabuku athu salidziwa. Tikayamba 6 koloko m'mawa, pofika 9 mithunzi yasuntha ndipo malaya a wosewera anyowa thukuta kumsana. Shoti yoyamba ali wouma, yachiwiri ngati watuluka mu Shire, chonsecho m'nkhanimo padutsa kamphindi chabe. Masana sitijambula, maso a osewera amalowa mumthunzi ndipo foni yojambulira mawu imazima ndi kutentha. Onjezanipo mbuzi ndi belu la kabaza, zimene pabwalo tinkangoziseka n'kuzilowetsa m'sewero. Maikolofoni imatola zonse.

Aphunzitsi ati ndikajambulenso zigawo ziwiri zomwe ndinadumpha mzere zija. Dzulo ndinawaimbira amayi aja kuti Loweruka adzavale chitenje chomwe chija cha maluwa achikasu. Anaseka pafoni, ati anampatsa mwana wawo wa ku Makhanga, tsidya la mtsinje. Ndiye Lachisanu ndikukwera bwato kukatenga chitenje.