Liwu limodzi pa chiliza cha abambo

Kwathu kukagwa nkhani aliyense amadziwa pogwira. Achimwene aakulu ndi a galimoto ndi ndalama, achemwali a ku Area 25 ndi a mapoto ndi nkhuni, ine ndine wa mawu. Mwina n'chifukwa ndinaphunzitsapo Chichewa kusekondale. Kaya ndi chinkhoswe, ukwati kapena maliro, foni imalira basi: "Iwe, tatipezera vesi loika pa pulogalamu."

Kwa zaka zambiri ntchitoyi ndinkaigwira ngati wogulitsa tomato wapamulu. Ukwati, 1 Akorinto 13. Maliro, Yohane 14 kapena Salimo 23. Kukakhala kulangiza mkwatibwi, Miyambo 31, ya mkazi wangwiro ija. Mphindi zisanu ndatumiza kale pa WhatsApp, osindikiza asindikiza, nkhani yatha.

Amene anandichititsa manyazi koyamba ndi mkulu wa mpingo wina ku Kawale, pa ukwati wa msuweni wanga. Pa khadi ndinaikapo Rute 1:16, pamene pamati kumene mupite ndipita komweko, anthu anu akhala anthu anga. Ili nthawi ya perekaniperekani, nyimbo zikugunda, gogoyo anandikoka dzanja. "Mwanawe, mawu aja ananena ndani, akuuza yani?" Ndinangoti kukamwa yasa. Iwo akuseka anati, "Ndiye kuti mkwatibwi wathu walumbira kwa apongozi ake, osati kwa mwamuna." Ndinakawerenga usiku womwewo. Zoonadi, ndi Rute akuuza Naomi, apongozi ake, onse awiri amuna awo atamwalira, ali panjira yochoka ku Mowabu kupita ku Betelehemu. Vesi lotsatira likukamba za imfa ndi manda. Mawuwo ndi okoma ndithu, ndipo sindiletsa munthu kuwagwiritsa ntchito, koma ine ndinawapereka ndisakudziwa mwini wake. Chiyambire tsiku limenelo sinditumiza vesi ndisanawerenge mutu wonse. (1 Akorinto 13 yekha ndinamukonda koposa nditadziwa kuti Paulo ankalembera mpingo wogawikana, wa anthu otengerana kumilandu. Banja lililonse limafikapo pamenepo.)

Koma nkhani yomwe yandilembetsa lero ndi ya chiliza cha abambo.

Anagona kumudzi, cha ku Mitundu. Patatha zaka ziwiri tinagwirizana zomanga manda, ndipo mwa nthawi zonse mawu anasiyira ine. Mmisiri wosema miyala m'tauni muno anandiuziratu kuti amawerengera chilembo chilichonse, ndiye ndisabwere ndi ulaliki. Ndinaponya Salimo 23:1 pa gulu la banja, poganiza kuti palibe angatsutse. Ha! Mkangano unabuka pa dzina la Mulungu.

Mwina ena simunazilabadire. Buku Lopatulika, lija linatuluka mu 1922, lomwe ntchito yolimasulira anaitsogolera William Murray wa mishoni ya ku Mvera ndi Nkhoma, limati Yehova. Buku Loyera la mu 1998 limati Chauta. Akatolika nawo anali ndi Malembo Oyera awo kuyambira mu 1966. Ine ndinatenga mu Buku Loyera, chifukwa Chichewa chake chimamveka ngakhale kwa mwana, komanso Chauta ndi dzina lathulathu, makolo ankalitchula amishoni asanafike. Azakhali anatumiza uthenga wa mawu wa mphindi zinayi. Mutu wake unali umodzi: "Alongo anga moyo wawo wonse ankawerenga Yehova. Musawasinthire Baibulo ali m'manda." Achimwene anati bwanji tingolemba m'Chingerezi kuti zithe. Apo ndiye anathira mafuta pamoto.

Loweruka ndinakwera minibasi kupita kumudzi kukafunsa amayi, omwe sali pa gulu lililonse. Sanandiyankhe. Analowa kuchipinda n'kutuluka ndi kajumbo ka shuga, m'kati mwake muli Baibulo la abambo. Chikuto chinathothoka kalekale, anachita kumata ndi kansalu ka chitenje. Ndi la kalembedwe kakale kaja, ka "cifukwa" ndi "cakudya", kopanda h. M'masamba munali malisiti a feteleza, kapepala ka ku okushoni ku Kanengo ka chaka china chomwe analima fodya, ndi chithunzi changa cha Sitandade 8 chomwe ndinkayesa chinatayika. Salimo 23 anali woyera bwinobwino, ngati sanatsegulidwepo. Tsamba lakuda ndi zala, lofewa ngati nsalu, linali kutsogolo kwambiri, pakati pa Nahumu ndi Zefaniya. Habakuku mutu 3. Pambali pa vesi 17 analembapo ndi pensulo: 2002.

Amene munalipo chaka chimenecho simufuna kukumbutsidwa. Mu February boma linalengeza kuti dziko lili pa ngozi ya njala, koma kumidzi ya kuno ku Lilongwe anthu anali atayamba kale kudya madeya ndi mitsitsi ya nthochi. Mbuzi zinkagulitsidwa pa mtengo wa nkhuku. Chimanga chinkabedwa chili chachiwisi m'munda. Ine ndinali kusukulu yogonera, ndikudandaula za nyemba zofumbwa. Amayi anati khola lathu linatha m'miyezi iwiri, ng'ombe yomaliza inapita kuti ine ndilipiriridwe fizi, ndipo usiku uliwonse, adya kapena sanadye, abambo ankayatsa koloboyi n'kuwerenga pomwepo mokweza. Mneneriyo akuti ngakhale mkuyu usaphuke, mpesa usabale, minda isapereke chakudya, m'khola musakhale ng'ombe, kenako vesi 18: "koma ndidzakondwera mwa Yehova."

"Ine zinkandipsetsa mtima," anatero amayi. "Ana akulira ndi njala, iwo ali kukondwera. Tsiku lina ndinawalanda bukulo." Anaseka, kenako anapukuta maso ndi nsonga ya chitenje.

Zimenezi sindinkazidziwa ngakhale pang'ono. Ine wa mawu, amene ndinasankhira mavesi anthu osawadziwa n'komwe, sindinkadziwa vesi la bambo wondibala.

Nditauza abale kuti pachiliza tilembepo mawu a Habakuku amenewa, achimwene anakanabe poyamba. Ati limeneli si vesi la pamanda, ndipo ndani amadziwa kumene kuli Habakuku? Pachiwiripo ankanena zoona. Pa tsiku la mwambo, abusa atatchula bukulo, kunamveka mapepala okhaokha, phwaa phwaa, amayi a Chigwirizano akusuzumirana, wina mpaka anakayang'ana pa mndandanda wa kumayambiriro. Kabuku kake ndi ka mitu itatu yokha, n'kosavuta kukadumpha. Koma poyambapo sindinagonje. Mavesi a pamaliro timawasankhira otsalafe kuti titonthozeke, ndipo ndi bwino kutero tsiku loika. Chiliza n'china. Chimakhala zaka, ndipo mdzukulu wobadwa mawa akadzaima pamenepo ayenera kupezapo kanthu kena ka munthuyo, osati mawu omwe ali pa manda khumi oyandikana nawo.

Vesi 17 lonse silikanakwana pamwala, ndalamanso sizikanalola. Tinatenga chiganizo chimodzi chija cha mu vesi 18. Mmisiri atawerenga anati, "Bwana, chotsani 'koma' uyu. Chiganizo sichiyamba ndi koma, ndiponso mupulumutsa ya zilembo zinayi." Mphunzitsi wa Chichewa mwa ine anavomera. Mwana wa abambo anakana. Mukachotsa "koma", patsala munthu wokondwa chabe, ngati amene wakolola ngolo makumi awiri. M'zilembo zinayizo ndi mmene muli khola lopanda kanthu, madeya, koloboyi ndi ng'ombe ya fizi yanga. Ndinalipira.

Wowerenga pa mwambowo anali mwana wa achemwali, wa Fomu 2. Mwamwayi ndinamuyesa dzulo lake pakhonde, chifukwa atafika pa "cakudya" anawerenga "kakudya", azisuweni ake n'kugwa nacho chikhakhali. Tinabwereza kasanu. Ndinamuuza kuti asathamange, atchule mkuyu, apume, atchule mpesa, apume, ndipo akafika pa "koma" adikire mpaka aone kuti agogo ake akweza mutu. Anachitadi choncho. Azakhali, aja a uthenga wa mphindi zinayi, anamalizira naye limodzi vesilo osayang'ana m'buku.

Baibulolo amayi anandipatsa, lili kuno ku Chilinde, m'kajumbo kake komwe kaja. Mwezi ukafika pakati, malipiro atatha, magetsi atazima, ndimalitsegula pa tsamba lakudalo. Sabata yatha mnzanga wa kuntchito anataya amalume ake, ndiye anandiimbira kuti ndimupezere vesi msanga, osindikiza akudikira. Ndinamufunsa ngati malemuwo anali ndi Baibulo lawolawo, ndipo ngati lilipo, lili ndi yani. Anakhala chete pang'ono, kenako anati afunsa kaye kumudzi.