Lachinayi lotentha, mapepala a agogo ndi mayina omwe anthu anatipatsa

Foni ya amalume yalira ndisanasukusule nkomwe, akuti agogo akwera matola a mmawa kuchokera ku Malindi ndiye ndikawachingamire pa boma ku Mangochi ndiwathandize kupanga fotokope mapepala awo a ku migodi. Ndi nkhani ija ya ndalama za anthu omwe anapita ku Joni kudzera ku Wenela ndi Theba, mabungwe omwe ankalemba anthu ntchito ya ku migodi, imene imangomveka chaka ndi chaka, wina akangonong'ona kuti kalembera wayambanso basi madala onse mmudzi kufukula masutikesi pansi pa bedi. Ine ndinali ndi zanga zochita koma amalume akalankhula sipakhala zokambirana.

Ndawapeza atakhala pamthunzi pafupi ndi nsanja ya wotchi ija, sanabwere okha, anali ndi mnzawo wa ku Namwera yemwe anagona naye kompaundi imodzi ku mgodi, mdala wamtali wa kofiya yoyera, akulankhula Chichewa chosakaniza ndi Chiyao mwina ndi timawu ta ku Joni apo ndi apo. Mapepala anali mu jumbo, jumboyo mu jumbo ina, inanso atamanga ndi mphira wa tayala. Atamasula ndinaona pepala lofiirira lothetheka mmbali, chithunzi cha kamnyamata kometa mpala koyang'ana kamera ngati kakufuna kuimenya, agogo akuti ndi iwowo. Dziko analemba Nyasaland, boma Fort Johnston, mtundu Nyanja.

Mnyamata wa pa fotokope, wa ndolo kukhutu, anawerenga nkufunsa mwaulemu ndithu kuti agogo, Fort Johnston ndi kuti, kapena munabadwira ku Zambia? Agogo anangomuyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi nkunena kuti mwana wanga, wapondapo pompano ndi pomwepo. Ine kuseka mpaka misozi. Koma mnyamatayo sindikumuda, ndi angati amsinkhu wake amene akudziwa kuti tawuni yathu ino inayamba ngati linga lomwe mtsamunda Harry Johnston anakhazikitsa mu 1891 pafupi ndi kwa Mponda, kuti azilonda mtsinje wa Shire ndi njira ya anthu ogulitsa akapolo? Wotchi ija tinaikhalira pamthunzi anaimanga mu 1903 pokumbukira mfumukazi Victoria, timaidutsa tsiku lililonse pa kabaza osaiyang'ana. Mayina achizungu aja anachoka titalandira ufulu, Port Herald kukhala Nsanje, Fort Manning kukhala Mchinji, Fort Hill kukhala Chitipa, ifeyo Mangochi. Koma mpaka pano timati ndikupita ku Mpondasi, ka s ka mzungu kaja kanatsalira kumapeto ndipo palibe amadandaula.

Titamaliza anati njala, ndiye tinalowa mu tiyirumu ina chakumsika, tiyi wa mkaka ndi mandasi, apa ndi pomwe tsiku langa linathera chifukwa madala awiriwa akayamba nkhani sumadzuka. Ndinangoyambitsa mwangozi, ndinati agogo bwanji pa mtundu analemba Nyanja mmalo mwa Chewa. Eee! Anaika kapu pansi. Akuti ine Mchewa? Achewa ali ku Kasungu ndi ku Dowa uko, ine ndine Mnyanja, bambo anga Mnyanja, tinabadwira mmadzi, ukonde tinauphunzira tisanaphunzire kuvala kabudula. Akuti chilankhulo chomwe tikulankhulachi kusukulu ya mishoni ankachitchula Chinyanja, mabuku Chinyanja, wailesi Chinyanja, mpaka mu 1968 pamene msonkhano wa Kongeresi nthawi ya Kamuzu unagamula kuti chizitchedwa Chichewa. Iwo akuti anabwera ku holide nkupeza ana akuti tikuphunzira Chichewa, nkudabwa kuti chasintha nchiyani poti mawu ndi omwewo. Ndipo zoonadi ukadutsa malire ku Chipata kapena kupita ku Niassa ku Mozambique anthu akadali kunena Chinyanja mpaka lero.

Ine ndimadzitcha Mchewa ndikakhala ku Lilongwe, chifukwa ndi zachidule, ukati Mnyanja anthu amayamba mafunso. Koma agogo ali ndi mfundo. Anthu onse aja a ufumu wa Maravi atabalalika anapatsidwa mayina malinga ndi komwe anakhala, a mmbali mwa nyanja Anyanja, a kumunsi kwa Shire Amang'anja, a kumtunda kwa udzu wautali cha ku Dowa ndi Ntchisi ankatchedwa Achipeta, dzina lomwe pano sindinamvepo munthu wamoyo akudzitchula nalo. Lina linakula nkumeza anzake, basi. Achipeta anasanduka Achewa mwakachetechete, koma Anyanja a kuno ndi a ku Likoma ndi Amang'anja a ku Chikwawa akukakamirabe.

Mnzawo uja nthawi yonseyi amangomwetulira akuviika ndasi mu tiyi, kenako agogo anamutembenukira nkuti nanga iwe Mchawa ukuseka chani. Ine mtima unagunda, chifukwa dzina limenelo ndinaonapo likuyambitsa ndewu pa depoti. Koma mdalayo anangoseka nkuti wamva mdzukulu, agogo akowa zaka zonsezi sanaphunzire kutchula Myao. Ndiye anayamba kundiphunzitsa. Akuti ife timati Wayao, kwathu kwenikweni ndi ku phiri lotchedwa Yao ku Mozambique uko chakumpoto, dzina loti Achawa anatipatsa ndi anthu omwe tinawapeza kuno, azungu a mishoni oyamba aja a nthawi ya Livingstone analemba Ajawa mmabuku mwawo, onsewo ndi ife tomwe. Akuti mnzanga uyu akanena Mchawa ndimadziwa kuti tinagawana ndudu imodzi pansi pa nthaka, koma kamnyamata ka minibasi kakanena ndimamva china chake, kamatanthauza kuti wosaphunzira, wongodziwa kusoka ndi kugulitsa nsomba. Ananena mosakwiya, akupukuta manja pa mpango.

Chomwe chinandisangalatsa kwambiri ndi chakuti Ayao nawonso ali ndi mayina awo amkati omwe achinyamata sakuwadziwa. Anawerenga pa zala, Amachinga, Amasaninga, Amangoche, Achisi. Akuti a kwa Mponda ndi Amachinga, a kwa Makanjira ndi Amasaninga, ndipo Amangoche enieni, omwe dzina lawo linachokera ku phiri la Mangoche chakwathu ku Namwera kuja, anakankhidwa ndi Amachinga kalekale nkutsikira kummwera, a Kapeni aku Blantyre aja ndi amenewo. Ndiye taganizani, Amangoche ali ku Blantyre, ku Mangochi kuli Amachinga, ndipo Machinga ndi boma lina loyandikana nalo. Ndinati bambo mwandisokoneza mutu, iwo akuti ndiye wayamba kumva. Phiri lomwelo ndi pomwe panali linga la mfumu Jalasi lomwe azungu analanda mu 1895 nkumangapo lawo, makoma ake amiyala akadalipo, ndinapitako ndili ku sekondale koma tinkangojambulitsa zithunzi.

Kenako nkhani inakhotera ku Joni, apa onse awiri anagwirizana kwa nthawi yoyamba. Akuti ukangotsika ndege ya Wenela zonse za Mnyanja, Myao, Mtonga, Mlomwe zimathera pa geti, kumeneko nonse ndinu maNyasa. Kapitawo akakuwa kuti Nyasa, aliyense wochokera kuno amatembenuka. Agogo akuti poyamba zinkawanyansa kuikidwa thumba limodzi ndi Atonga odzikonda aja (mawu awo amenewo, osati anga, Atonga musandilembere), koma ukadwala ku kompaundi amene ankakubweretsera phala ndi Mnyasa mnzako, kaya wa ku Nkhata Bay kaya wa ku Mulanje. Mdala wa ku Namwera anawonjezera monyadira kuti nyasa ndi mawu a Chiyao, ndi nyanja basi, ndiye dziko lonse linkayenda ndi dzina lathu kuyambira 1907 mpaka 1964, inu Anyanja munangobwereka. Agogo anati nanga Malawi ndi dzina la ndani, si la makolo athu Amaravi, tinakulandani. Anakangana pamenepo mpaka mayi wa tiyirumu anabwera kudzafunsa ngati kuli bwino.

Anatchulanso mayina ena omwe a kwathu ankapatsidwa kunja. Ku Salisbury (Harare wa lero) ndi ku Bulawayo akuti ankati maNyasarande, kapena maBhurandaya kuchokera ku dzina la Blantyre, ngakhale munthu wa ku Karonga yemwe Blantyre sanaionepo. Ndipo kuno kumudzi omwe anapita osabwerera, osatumiza ngakhale kalata, tinkawatcha matchona, dzina lopweteka kuposa onse chifukwa limachokera kwa abale ako. Agogo anakhala chete pang'ono nkunena za ndege ija inagwa ku Francistown ku Botswana mu 1974 itanyamula anthu a kuno akubwerera kumudzi, anthu oposa 70 anathera pomwepo, Kamuzu nkuletsa Wenela. Akuti iwo anali atabwerako kale, koma mudzi uliwonse unkadikira maina pa wailesi.

Cha mma 2 koloko ndinawaperekeza kudutsa pa mlatho wa Bakili Muluzi kukakwera matola, dzuwa likuswa mtengo, Shire ali mbuu. Agogo anandipatsa ka jumbo ka utaka wouma, ine nkuwapatsa ya transipoti, mwachizolowezi anakana kawiri nkulandira kachitatu.

Pobwerera ndinadzera mumsika kugula tomato, ndipo ngati kuti tsikuli linapangana, ndinapeza phokoso ku mbali ya nsomba. Mayi wina wa ku Phalombe amene amabwera kudzapikula usipa anakanganirana mtengo ndi mnyamata wogulitsa, mnyamatayo pokwiya nkuti Anguru inu mumafuna zaulere. Mayi uja anaika beseni pansi, kumanga chitenje bwinobwino, nkuti bwerezanso. Msika wonse zii. Anamuuza kuti iwe mwana, ine ndine Mlomwe, dzina limenelo amayi ako akakuphunzitse komwe linachokera usanalitulutse pakamwa. Azimayi anzake a nsomba, Ayao okhaokha, ndi amene anamukalipira mnyamatayo mpaka anapepesa nkuwonjezera usipa wa basera.

Apa ine ndili mbali ya mayiyo kotheratu. Alomwe atayamba kulowa mdziko muno ambirimbiri kuchokera ku Mozambique, kuthawa nkhanza za Apwitikizi nkumagwira thangata mminda ya tiyi ku Thyolo ndi Mulanje, dzina loti Anguru linkanenedwa ndi anthu owayang'anira pansi, lomwe limamveka ngati obwera, anthu wamba oti uwatume chilichonse. Mma 1940 a Lewis Bandawe, mtsogoleri wa Alomwe, ndi anzawo analimbana nalo mpaka boma la atsamunda linasiya kulilemba mmapepala ake. Ndiye ngati mzungu wa nthawi imeneyo anamva nkusiya, iwe wobadwa nthawi ya Facebook ukulephera chani? Anthu ena amati aaa ndi nthabwala chabe, ngati mmene Angoni ankatchedwera Mazitu kapena Maviti. Koma Mazitu palibe amene akumva kuwawa nalo lero, latsala mmabuku a mbiri, mwinanso Mngoni akhoza kunyadira kuti makolo ake ankaopedwa. La Anguru likadali ndi mano, ndinaona nkhope ya mayi uja.

Chomwe ndaona nchakuti ife a ku Mangochi monga boma tilibe dzina limodzi lotitchulira, timangoti a ku Mangochi, koma ukanena choncho ku Lilongwe munthu wamaliza kale kukujambula mmutu, ndiwe Myao, ndiwe Msilamu, mchimwene wako ali ku Joni, ndipo ubwere ndi chambo. Pa zinayizo ine chimodzi chokha ndi choona, cha ku Joni, ndipo chambocho ngakhale ife tikuchiona pa mtengo woti umangochipatsa moni nkudutsa. Kuno kuli Anyanja a Anglican ku Malindi ndi ku Mpondasi, kuli Atonga ndi Atumbuka omwe anabwera ndi makoka awo ku Monkey Bay ndi ku Msaka, Alomwe, Angoni, onsewo a ku Mangochi.

Madzulo magetsi atazima ndinakhala panja nkutumiza voisi noti kwa msuweni wanga ali ku Durban, kumufunsa ngati akumatchedwabe maNyasa. Anayankha akuseka kuti madala achizulu okha ndi amene amatero, ndipo akatero amanena mwaulemu, ena mpaka kukuuza kuti agogo awo anali Mnyasa telala. Achinyamata akakwiya ndi makwerekwere basi, limenelo ndiye la aliyense wobwera, silisankha Mmalawi kapena wa ku Congo. Koma tsiku ndi tsiku akuti bwana wa pa shopu sanavutikepo kuphunzira dzina lake, amangoti Malawi, Malawi bwera kuno, Malawi tsitsa katundu. Vuto ndi loti pa shopupo alipo atatu, iye, wina wa kwa Makanjira ndi wina wa ku Mzimba, ndiye bwana akaitana onse amayang'anizana kaye kuti apite ndani, ndipo ikakhala ntchito yonyamula matumba a simenti wa ku Mzimba uja amanamizira kuti sanamve.