Mars wa Bogdanov ndi mawu a Sterni

Temu ino tikuwerenga nkhani zopeka za sayansi za ku Russia, zimene zinalembedwa anthu asanaponye chombo chilichonse mumlengalenga. Mwa mabuku onsewo, limene landigwira mtima ndi Krasnaya Zvezda, kutanthauza nyenyezi yofiira, la Alexander Bogdanov, lomwe linatuluka mu 1908.

Bogdanov anali dokotala komanso mmodzi wa atsogoleri a gulu la Bolshevik, lomwe linkamenyera sosholizimu (dongosolo loti chuma chikhale cha anthu onse) ku Russia, ndipo nthawi imeneyo n'kuti akukokanakokana ndi Lenin, mtsogoleri mnzake. Kuukira Tsar, mfumu ya Russia, kwa mu 1905 kunali kutalephereka, anzake ambiri ali m'ndende, ena atathawira kunja. Anafuna kuonetsa anthu otaya mtimawo dziko limene ankalivutikira, likuyenda ndithu, ndipo analiika pa Mars. Sanasankhe mwachisawawa. Chiyambire 1877, pamene Giovanni Schiaparelli anajambula mizere imene ankaona pa pulanetili, anthu ambiri ankakhulupirira kuti kumeneko kuli zamoyo. Percival Lowell wa ku America ankalimbikira kuti mizereyo ndi ngalande zochita kukumba, zotengera madzi kumadera ouma a pulaneti lomwe likufa ndi ludzu. Mutu umodzi susenza denga: ngalande zozungulira dziko lonse sangakumbe mafuko amene akumenyana. Munthu wokhulupirira sosholizimu sakanapeza malo ena abwino kuposa amenewa. H. G. Wells mu 1898 anali atasandutsa a ku Mars zilombo zodzaukira London. Bogdanov anawalemba ngati akuluakulu athu, amene anadutsa kale njira yomwe ife tikupunthwamo.

Wosimba nkhaniyi, Leonid, akumutengera ku Mars kuti akaone ndi maso ake. M'fakitale akupeza zikwangwani za manambala, zoonetsa kuti ntchito yakuti ikuperewera maola angati, ntchito yakuti anthu achuluka. Manambalawo amachokera ku ofesi ya ziwerengero ndipo amasintha ola ndi ola. Wantchito amaima, n'kuwerenga, n'kusankha yekha kopita. Kulibe kapitawo, kulibe ndalama, ndipo chimene munthu akufuna amangotenga. Leonid atayamba ntchito m'fakitale yosoka zovala akulephera kufanana liwiro ndi anzake. Palibe womudzudzula, koma manyazi akumudya yekha mumtima. Pamenepa ndinaona kuti Bogdanov ankadziwa kuti dziko labwino likhoza kumulemera munthu amene sanakuliremo.

Koma chimene chandikhazika pansi ndi Sterni, katswiri wa masamu wa ku Mars. Mars wayamba kutha miyala yopatsa mphamvu, anthu akuchuluka, ndipo ayenera kukafuna chuma kwina: ku Venus kapena kudziko lathu. Ku Venus n'kotentha, koopsa kukhalako. Pamsonkhano wokambirana zimenezi, Sterni akuyala mfundo zake mwa dongosolo, mopanda mkwiyo. Akuti anthu a padziko sadzalola kugawana malo mwamtendere, ndipo kukonda fuko kwawo kudzawachititsa kumenya nkhondo yosatha. Ndiye njira yachidule, yopulumutsa miyoyo ya a ku Mars omwe ndi otsogola, n'kupha anthu onse a padziko mwamsanga, mosawazunza. Netti, dokotala wamkazi amene Leonid amamukonda, akumuyankha kuti moyo wa padziko si wotsika, ndi wosiyana chabe, ndipo ukatayika palibe chodzalowa m'malo mwake. Msonkhano ukusankha Venus. Leonid akumva zonsezi pambuyo pake pa makina ojambula mawu, mutu ukumusokonekera, mpaka kupha Sterni.

Aliyense amene anaphunzira mbiri ya atsamunda amazindikira kalankhulidwe ka Sterni nthawi yomweyo. Chondidabwitsa n'chakuti mawu amenewa Bogdanov sanawaike pakamwa pa mdani. Anawapatsa nzika yolemekezeka ya dziko limene iye mwini ankalilakalaka, munthu wodalira manambala omwe aja amene akuyendetsa mafakitale bwinobwino. Sterni akuloseranso kuti sosholizimu ikadzapambana padziko m'mayiko ochepa okha, ozunguliridwa ndi adani, idzapotoka n'kudzala ndi usilikali komanso nkhanza. Izi zinalembedwa zaka 9 chisanafike chaka cha 1917, pamene a Bolshevik analanda boma ku Russia. Wolemba wongofuna kukopa anthu akanachotsa tsamba limeneli. Iye analisiya, ndipo n'chifukwa chake ndimamukhulupirira kuposa olemba ambiri a mabuku a maloto otere.

Palinso nkhani ya magazi. A ku Mars amasinthana magazi kuti apatsane mphamvu ndi unyamata. Kwa Bogdanov zimenezi sizinali zongokometsera buku. Mu 1926 anatsegula malo ofufuzira za kuika magazi ku Moscow, ndipo mu 1928 anamwalira atasinthana magazi ndi mnyamata wa sukulu amene ankadwala malungo ndi chifuwa chachikulu. Mnyamatayo anakhala ndi moyo.

Tawerenganso Aelita la Alexei Tolstoy, la mu 1923, limene Yakov Protazanov analisandutsa filimu mu 1924. Mmenemo injiniya Los akukondana ndi mwana wamkazi wa wolamulira Mars, pamene msilikali Gusev akutsogolera antchito kuukira. Tolstoy amalemba mokoma kuposa Bogdanov, chimenecho sindingakane, ndipo bukulo limawerengeka msanga. Koma kumeneko oipa ndi abwino akudziwika kale, ndipo a kudziko akupita kukaphunzitsa a ku Mars. Nkhani yanga ya kumapeto kwa temu ndilemba za msonkhano wa Sterni ndi Netti.