Mbiri ya moyo wanga, gawo 9: Chaka chimene bambo sanadzale kachewere

M'gawo lapitali ndinalekezera pomwe ndinkabwerera kumudzi kutchuthi cha Disembala 1999. Nditatsika basi pa Lizulu ndinadzera kumunda, ndipo ndinapeza thengo lokhalokha. Kachewere amene ankandilipirira fizi sanadzalidwe. Mbuzi zinayi bambo anali atagulitsa, ndalama n'kupereka kwa mlaliki wina amene ankazungulira m'midzi ndi chinsalu chojambulapo chilombo cha mitu 7 ndi nyanga 10. Iyeyo ankati pakati pa usiku wa pa 31 makompyuta onse adzazima, lipenga n'kulira. Kompyutayo kwathu tinkangoimva, koma mantha anatigwira tonse, ine ndemwe.

Pa 1 Januwale tambala analira ngati masiku onse. Amayi ananyamula khasu osanena kanthu. Bambo anakhala pakhonde mpaka dzuwa kulowa, ndipo nkhope imene ndinaiona tsiku limenelo imandipwetekabe mtima.

Amalume, mphunzitsi wopuma komanso mkulu wa mpingo ku Mlanda, ndiwo anandiitana. Anatulutsa m'sutikesi buku lachingerezi lothothoka chikuto, lolembedwa ndi katswiri wina wa Baibulo. "Mphwanga, werenga mofatsa, ukawafotokozere bambo ako. Koma usakawaseke."

Ndinaliwerenga pa koloboyi masabata awiri. M'menemo ndinamva koyamba kuti Chivumbulutso ndi kalata. Yohane anailemba ali pachisumbu cha Patmo, kulembera mipingo 7 ya m'dera lomwe lero ndi dziko la Turkey, ndipo akatswiri ambiri amati munali cha m'ma 95 AD, mu ulamuliro wa mfumu ya Roma Domitian. Akhristu a m'mipingoyo ankakakamizidwa kulemekeza mfumu ya Roma ngati mulungu. Nanga 666, nambala ya chilombo ija imatisowetsa tulo? Kalelo zilembo zinkaimiranso manambala, ndipo dzina la Nero Kaisara ukalilemba m'Chiheberi n'kuwonkhetsa, limakwana 666. Mipukutu ina yakale imanena 616. Apa ndinaika buku pansi, thukuta lili kamukamu. Ndinakwiya kuti zimenezi palibe anatiuzapo, komanso ndinamva ngati anditula mtolo wa nkhuni.

Amalume anawonjezera zawo: William Miller ku America, amene omutsatira anadikira pachabe kubweranso kwa Yesu pa 22 Okutobala 1844, ndi Elliot Kamwana kwathu konkuno, amene anabatiza anthu zikwizikwi ku Nkhata Bay akulalikira kuti mapeto adzafika mu 1914.

Bambo ndinawafotokozera usiku wina tikuwotha moto, mawu akunjenjemera. Anamvetsera mpaka kumapeto.

"Ndiye kuti Ambuye sabweranso?"

"Adzabwera, bambo. Koma tsikulo ngakhale angelo salidziwa. Yohane ankalimbitsa mtima anthu ozunzika, sankawapatsa kalendala."

Anakhala chete, kenako anati ndiwawerengere chaputala 21, pomwe Mulungu akupukuta misozi. Ndinawerenga kawiri. M'mamawa anandidzutsa kusanache, tinapita kwa amalume kukakongola mbewu.